Amalume ndi ma TV odwala

Amalume akhala akukonza ma TV kwa zaka makumi atatu, koma sanaonerepo kanema atakhala kutsogolo. Malo awo ndi kumbuyo, kumawaya, ndipo chithunzi amachiona pa galasi lomwe analitsamiritsa pampando. Mpaka lero amakhulupirira kuti owerenga nkhani onse ndi amanzere.

Atabwera ma TV opyapyala, makasitomala anatha. M'shopu munatsala ma TV akale khumi ndi anayi, aja otupa kumbuyo, omwe eni ake sanabwerenso kudzatenga. Amalume amawatchula ngati anthu: uyu ndi Namwino, uyo ndi Mpulisi Wopuma.

Kenako kunabwera kalata ya boma yazidindo zitatu. Inati zipangizo zamagetsi zakufa ndi zinyalala, ndipo Lachisanu ofesala adzazinyamula.

Mlongo wanga amapanga mafilimu, aja opanda chikondi ngakhale ndewu. Atamva za kalatayo anathamangira kushopu Lachitatu. Anapeza TV ina ikugubuduza chithunzi, ina ikufinya nkhope za anthu, ina ikungothamangitsa timadontho.

"Amalume, izi ndiye zenizeni! Umu ndi momwe timakumbukirira zakale. Ndibwera ndi kamera Lachisanu m'mawa, asanazitenge."

Amalume anangomva mawu oti kamera. Anakonza onse khumi ndi anayi.

Lachisanu mlongo wanga anagwira m'mutu.

"Mwandiphera filimu, amalume! Ndimafuna zowonongekazo."

"Iwe, dziko lonse lione kuti ine ndinalephera Namwino?"

Mlongo wanga anawanyengerera mpaka anagonja. Amalume anapita kumbuyo kwa Namwino akung'ung'udza, n'kupotokola kasikuluu kamodzi, chithunzi n'kuyambanso kugubuduka. Apo m'pamene ofesala analowa, fomu ili m'manja. Fomuyo inali ndi mabokosi awiri: Zakufa, Zamoyo.

"Iyi yafa," anatero, akuloza Namwino.

Amalume anabweza kasikuluu. Chithunzi chinaima njo.

"Chabwino, ili moyo."

"Amalume, ndikujambulatu!" anakuwa mlongo wanga. Chithunzi chinagubudukanso.

Ofesala anayang'ana fomu, anayang'ana TV, anakanda m'mutu ndi cholembera.

"Madala, tandiuzani chimodzi. Yafa kapena ili moyo?"

"Ikudwala, bwana."

Bokosi la odwala panalibe. Ofesala anati akafunsa kwa akuluakulu ngati pangasindikizidwe fomu ina, ndipo chikhalirecho tikudikira. Ma TV onse akadali pamashelefu.

Mufilimuyo amalume akuoneka kamodzi kokha, pagalasi lija, akuseka. Atadziona anadandaula kuti awasandutsa wamanzere.