Nyumba ya Mervis Pansi pa Mchenga

Mervis atachoka kumsasa wa anthu othawa namondwe wa Freddy, anabwerera kwawo kwa Nazombe ndi ana ake awiri. Mwamuna wake anali atapita ndi madzi. Nyumba inapitanso. Pamalo amene amayi ake anamusiyira panali mchenga wokhawokha ndi zimiyala zochokera kuphiri, ndipo wina anali atakhomapo zikhomo n'kuunjikapo njerwa.

Anthu anamuuza kuti a Lingson, omwe ankachita nawo malire, agulitsa malowo kwa bambo wina wogwira ntchito ku Boma. Mervis anapita kwa a Lingson ndipo anawapeza akunola chikwanje pabwalo.

"Bambo, mwagulitsa bwanji malo a amayi anga?"

"Munda wanga umalekeza kumtsinje, aliyense akudziwa," anayankha a Lingson osadzutsa mutu. "Nyumba yako inali pomwe pakuyenda madzipo. Ndikakuonanso pamalo paja, usadzati sindinanene."

Zoona zake n'zakuti mtsinje unali utasintha njira. Kale unkadutsa pakati pa minda iwiriyi, koma tsopano unkazungulira kuseri kwa malo a Mervis. Mitengo ya mango ya m'malire inali itazuka yonse.

Ku komiti yoona za malo anamufunsa funso limodzi: umboni uli kuti? Wogula uja anatulutsa pepala losainirana. Mervis analibe pepala, chifukwa malo a makolo sankalembetsa. Mwa anthu oyandikana nawo, ena anafa, ena anasamuka, ndipo otsalawo ankaopa abale a a Lingson. "Ingozisiyani, mungafere dothi," ankamunong'oneza choncho.

Mervis ankagona m'khitchini ya mayi wina wa kutchalitchi, n'kumadyetsa ana ndi maganyu. Koma nkhaniyo sanaisiye. Anaipititsa kubwalo loweruza milandu ya malo. Kenako anamva kuti a Rozaria, mnzawo wa malemu amayi ake, akugulitsa nsomba kunyanja ya Chilwa. Anabwereka njinga n'kupalasa mpaka anawapeza.

"Ndataya zambiri kale, mwana wanga," anatero a Rozaria. "Milandu sindikuifuna."

Mervis anabwerera wopanda mboni. Patapita nthawi anapitanso. Ulendo uwu sanachonderere kwambiri. Anangowauza tsiku la mlandu n'kunena kuti, "Amayi, ndikataya dothi lija, ana anga azidzati kwawo n'kuti?" Atatero anakwera njinga n'kubwerera.

Kubwalo, Mervis anapempha chinthu chimodzi: amulole akumbe. Oweruza anavomera, koma anamuchenjeza kuti akapanda kupeza kanthu tsiku lomwelo, mlandu uthera pomwepo.

Tsikulo anthu anadzaza pamchengapo. Mervis ndi amayi ochepa a kutchalitchi anayamba kukumba pomwe iye ankaganiza kuti panali khomo. Anakumba mpaka m'chiuno, osapeza kanthu. Anasuntha, anakumbanso. Mchenga ndi miyala basi. Dzuwa linapendeka, manja a Mervis anachita matuza, ndipo abale a a Lingson anayamba kuseka. Wapampando wa bwalo anayang'ana wotchi yake n'kuuza anzake kuti akonzeke kutseka.

Pomwepo kabaza anaima pamsewu, ndipo a Rozaria anatsika. Sanapereke moni kwa munthu. Anaima n'kuyang'ana kuphiri kwa kanthawi, kenako anayenda chokwera pang'ono.

"Mwatsikira kwambiri," anatero. "Ndikakhala pakhonde pa amayi ako, mpata wa phiri uwo unkaonekera maso ndi maso. Kumba apa."

Mervis anatenga khasu. Anayamba kukumba pomwepo. Atafika m'mawondo, khasu linalira mwachilendo. Anagwada n'kuyamba kufukula ndi manja. Panaoneka simenti yosalala, kenako mzere wa njerwa zootcha, ngodya ya nyumba. Inali mkatikati mwa zikhomo za wogula uja.

Kuseka kunatha. Wogulayo anatembenukira kwa a Lingson, ndipo a Lingson anayang'ana pansi. Anthu ena amene ankaopa aja anayamba kuimirira mmodzimmodzi n'kunena zomwe ankadziwa.

Bwalo linagamula kuti malowo ndi a Mervis. Iye sanadikire kuti wina adzayesenso. Anayendera maofesi ku Phalombe Boma, kubwezedwa, kupitanso, mpaka malowo analembetsedwa m'dzina lake. Lero wamanga nyumba yazipinda ziwiri, ndipo pakati pa zimiyala zija pali nandolo ndi chinangwa. Amayi ena a m'mudzimo akafuna kulembetsa malo awo, amayamba afunsa iye.

Mwina nanunso wina wakulandani chanu n'kukuuzani kuti mulibe umboni. Mwina mwakumba kale kawiri osapeza kanthu, ndipo anthu ayamba kuseka. Funani mboni, gogodani pomwe anakubwezani, ndipo khasu musaliike pansi. Musataye mtima dzuwa lisanalowe.