Mfuti ya a Maliko ndi Lichero la Mayi Fatima

Pa Golomoti, mukangodutsa pamene pamaima maminibasi paja, pali mtengo wa bwemba, ndipo pansi pake mumapeza mdala wina wamagalasi omanga ndi ulusi akukonza njinga. Amenewo ndi a Raphael Ngozo. Njinga amakonza ngati wina aliyense, koma kakonzedwe kawo ndi komwe kamaimitsa anthu. Amayala kaye thumba loyera la ufa pansi, kenako chilichonse chomwe amasula amachiika pathumbapo kuyambira kumanzere kupita kumanja, mwa ndondomeko yake. Pobwezera amayambira kumanja. Ndipo chinthu chikakhala chomasula salankhula ayi. Muwapatse moni, muwauze kuti nyumba yawo ikupsa, iwo duu. Anyamata a kabaza anazolowera, amangokhala pa benchi n'kumadikira.

Khalidwe limeneli analitenga ku polisi. Eetu, mdala ameneyu anagwirako zaka makumi awiri ndi mphambu ziwiri, ndipo ntchito yawo inali yosunga ndi kukonza mfuti. Chosangalatsa n'chakuti zaka zonsezo sanaombereko munthu, ngakhale nkhwali imene. Mukawafunsa amangoti, "Ine ndinali wosambitsa mfuti basi. Ena amasambitsa ana, ine mfuti." Atapuma anabwerera kwawo kufupi ndi Mua, n'kugula zopopera ziwiri ndi masipanala, n'kuyamba za njingazi. Anali atatha zaka khumi ndi zinayi osakhudzako mfuti.

Ndiye tsiku lina mwezi wa Juni, mpunga anthu atakolola, panafika wapolisi pa njinga yamoto. Anali Sajeni Robert, munthu wamkulu ndithu wa mimba yake, koma amene anaphunzira kugwira mfuti m'manja mwa a Raphael omwewo. Anapeza mdala ali pakati pomanga habu ya tayala la njinga, ndiye naye anakhala pa benchi limodzi ndi a kabaza mpaka atamaliza.

"Madala, ndagwa nayo," anatero Robert. "Mukuwadziwa malemu a Maliko a ku Bwanje aja?"

"Aja ankathamangitsa mvuu?"

"Omwewo. Asiya mfuti. Akazi awo akufuna aibweze ku boma lero, koma yakana kutseguka. Ndalimbana nayo mpaka chala ichi chatupa."

Nkhani yake inali yotere. A Maliko anali mlimi wa mpunga, ndipo kale anapatsidwa chiphaso chokhala ndi mfuti ya m'manja, chimfuti chachikulu chija akuluakulu amati volovolo, choti aziombera m'mwamba mvuu zikalowa m'munda. Atamwalira, akazi awo, mayi Fatima, anaipeza pamwamba pa khoma itakulungidwa m'thaulo, m'nyumba momwe mumagona zidzukulu zinayi. Kuyambira tsiku limenelo mayi aja tulo analibe. Palibe ankadziwa ngati muli zipolopolo kapena ayi. Ndipo Robert anafotokoza kuti mfutiyo iyenera kubwezedwa yathunthu, nambala yake ikufanana ndi ya pachiphaso. Kupanda kutero, mayi akanayenera kukwera phiri lonse lija kupita ku Dedza kukafotokoza okha, ali m'zovala zamaliro.

A Raphael anapinda thumba lawo loyera lija, kutenga botolo la palafini ndi kabotolo ka mafuta a makina osokera a akazi awo, n'kukwera kumbuyo kwa njinga yamoto. M'njira monse ankangoyang'ana manja awo. Masiku amenewa amanjenjemera pang'ono, makamaka m'mawa.

Anapeza mayi Fatima atakhala pakhonde, bwalo lonse litadzaza mpunga woyanika pa malona. Mfuti inali pa mpando pakati pa bwalo yokhayokha, ngati mlendo amene aliyense akumuopa.

"Pepani ndi zovutazi, mlamu," anatero a Raphael atagwada.

"Zachitika, alamu. Koma chinthu icho chichoke lero. Ine ndikamadutsa pamenepo ndimachita kuyenda chammbali ngati nkhanu."

"Chichoka lero. Ndalonjeza."

Anainyamula, kuilozetsa ku chulu cha kuseri kwa nyumba, n'kuuza aliyense kuti akhale kumbuyo kwawo. "Mfuti ilibe m'bale," anatero. Kenako anainunkhiza. Anainunkhizanso kachiwiri. Mapewa awo anayamba kugwedezeka ndi kuseka.

"Mlamu, amuna anu ankaidzoza chiyani mfutiyi?"

"Mafuta a nsatsi. Lachisanu lililonse."

"Nsatsi?"

"Nanga iwo aja chilichonse si nsatsi? Bondo likapweteka nsatsi, tcheni cha njinga nsatsi, mwana akatuwa nsatsi. Ankati chomwe chimafewetsa munthu chingalephere bwanji chitsulo."

Tangoganizani, zaka ndi zaka mafuta aja ankangolowa n'kumauma, kulowa n'kumauma, mpaka m'kati monse munagwirana ngati ulimbo wotchera mbalame. Robert anaseka mpaka kukhala pansi. A Raphael anathira palafini pang'onopang'ono m'malo onse olumikizana, n'kuisiya padzuwa italoza kuchulu konkuja, iwo n'kumamwa tiyi. Patatha ola anabwereka chipande cha mayi, kugogoda nacho mofatsa kawiri katatu, ndipo kamgolo kozungulira kaja, momwe mumakhala zipolopolo, kanatseguka. Munali ziwiri. Zamoyo. Mayi Fatima anangogwira pakamwa, n'kuyang'ana kuchitseko komwe zidzukulu zinkasuzumira. Robert anazitenga n'kuziika m'thumba la malaya, kumanga batani.

"Basi madala, yatha. Tiyeni nayo."

"Yatha bwanji? Nambala ukuiona?"

Zoonadi, nambala sinkaoneka, inali itakwiririka ndi phula la nsatsi lija.

"Komanso chinthu chauve chonchi ine sindingapereke ku boma. Azikati anthu a kunsi kuno ndife otani? Ndinakuphunzitsa choncho iwe?"

Robert, sajeni wathunthu, anangoti, "Ayi bwana."

Mthunzi unali malo amodzi okha, pansi pa mango, m'mphepete mwenimweni mwa lona lalikulu la mpunga. Pamenepo ndi pomwe a Raphael anayala thumba lawo. Ndiye mukanaona. Manja onjenjemera aja atangogwira sikuluu yoyamba anasiya kunjenjemera. Zala zinkangopita zokha, ngati zakumana ndi mnzawo wakale pamsika. Chigwiriro chamtengo kumanzere, kenako kachitsulo aka, kenako aka, mzere ukukula, chilichonse akuchitsuka m'palafini ndi mswachi wakale n'kuchipukuta mpaka kuwala. Mumtima mwawo munali kukoma kosaneneka. Sankadziwa kuti ntchito imeneyi anaisowa chonchi.

Mayi Fatima anasendera pafupi kudzaonerera. Iwo lamulo la kusalankhula lija sankalidziwa.

"Mukudziwa alamu, tsiku loyamba kuombera, mvuu sinathawe. Anathawa ndi iwowo. Anafika pano nsapato imodzi."

A Raphael, munthu amene salankhula ngakhale nyumba ikupsa, anaphulika kuseka. Ndipo nthawi yomweyo n'kuti atapanikiza ndi chala kasipuling'i kakang'ono, kongotalika pang'ono kuposa njere ya mpunga. Kanangoti pyuu, kudumpha phewa lawo, n'kukagwera penapake pakati pa lona. Lona la matumba asanu ndi atatu.

Kuseka kunathera pomwepo. A Raphael anavula magalasi, kuwapukuta, kuwavalanso. Popanda kasipuling'i kameneko mfuti sikanamangika yathunthu, ndipo mayi wamasiyeyu, amene anamulonjeza ndi pakamwa pawo, akanakwera ulendo wa ku Dedza chifukwa cha kuseka kwawo. Zaka makumi awiri ndi mphambu ziwiri sanatayeko ngakhale kawaya.

Anayamba kukwawa. Robert naye anavula chipewa n'kugwada. Anafufuza ndi zala, mpunga ukuwabaya m'mawondo, osapeza kanthu. Kenako Robert anakumbukira nzeru ya kusukulu, anamasula sipika ya wailesi yakufa ya malemu n'kumakoka maginito ake pamwamba pa mpunga. Anatola misomali iwiri, pini ya thewera, ndi mchenga wakuda wambirimbiri. Dzuwa linali litapendeka.

"Madala, mwina tingolemba kuti yabwera yopelewera," anatero Robert motsitsa mawu.

A Raphael anangopitiriza kukwawa. Ankachita manyazi kuyang'ana mayi Fatima.

Mayi Fatima anadzuka, kumanga chitenje bwinobwino, kulowa m'khitchini n'kutuluka ndi lichero.

"Amuna inu tasunthani. Mwandipondera mpunga mokwanira. Alamu, kanadutsa phewa liti?"

"Lamanzere."

"Ndiye kali chauko."

Anatapa lichero loyamba n'kuyamba kupeta. Mpunga m'mwamba, mpunga pansi, mankhusu akuuluka ndi mwera, mutu ataupendeketsa ngati akumvetsera nkhani ya kuseri kwa khoma.

"Mukaona bwanji kanthu kakang'ono choncho, mlamu?"

"Ndani wati ndikuyang'ana? Mpunga uli ndi kulira kwake, mwala uli ndi kwake. Cholemera chimatsalira kuno kwa ine. Inu khalani chete, a Sajeniwa andinong'oneza kale kuti pa ntchito simulankhula."

Robert anatembenukira kumbali kuti mdala asaone kuti akuseka.

Lichero lachisanu, timiyala. Lichero lachisanu ndi chinayi, chibatani cha malaya a malemu, chomwe mayi anachiyang'ana kanthawi n'kuchimanga pa nsonga ya chitenje. A Raphael anali atakhala pansi, manja ali pamutu, akupemphera chamumtima kwa oyera onse omwe anawaphunzira ku Mua. Pa lichero lakhumi ndi chinayi mayi anaima. Anagwedezanso kamodzi, pang'ono pokha, n'kulowetsa zala ziwiri.

"Ndi aka kokhala ngati mbozi aka?"

Kanali komweko.

A Raphael analandira ndi manja awiri, ngati mmene amalandirira Ukalistia. Ulendo uno sanatsegule pakamwa ngakhale pang'ono, ndipo pabwalo ponse panalibe anayerekeza kutsokomola. Anayambira kumanja kubwerera kumanzere, kadontho ka mafuta a makina apa, kadontho apo, mpaka thumba loyera linatsala lopanda kanthu. Anatseka kamgolo kaja ndipo kanalira bwino, kamvekedwe kosalala. Nambala inali poyera. Robert anaiwerenga mokweza, mayi akutsatira ndi chala pachiphaso, ndipo inafanana yonse. Analemba, mayi anasaina, mfuti inalowa m'chikwama.

"Ndigona lero," anatero mayi Fatima. "Alamu, Mulungu akudalitseni. Dikirani ndikutapireni mpunga."

"Ayi mlamu, wothokoza ndine. Mukanapanda inu, dzina langa likanathera mumpungamu. Koma ngati mukufunadi kundipatsa kanthu, ndipatseni licherolo."

"Lichero? Lothothoka m'mphepeteli? Akazi anu akandiseka."

"Lomwelo."

Anawapatsa, ndi mpunga womwe, chifukwa mayi aja sakanizika. Anabwerera pa njinga yamoto, Robert kutsogolo ndi chikwama, mdala kumbuyo atakumbatira lichero ngati wapambana chikho.

Mpaka pano lili pompo pansi pa bwemba. Akamamasula habu amalitchera kunsi kuti timipira tachitsulo ta m'katimo tisagwere m'fumbi, ndipo kamodzi kakasowa, mdala wa zaka pafupifupi makumi asanu ndi awiri amaimirira n'kuyamba kupeta mchenga pamaso pa msika wonse. Sadziwa kupeta bwino, theka limathera kumaso kwawo. Amayi ogulitsa tomato amafa nako kuseka. Mayi Fatima akabwera kudzagulitsa mpunga Lachitatu amaima pamenepo, manja m'chiuno, n'kumawakonza.

"Dzanja lamanzere likulimba kwambiri, alamu. Lifewetseni."

"Ndidzole nsatsi?" amafunsa a Raphael. Koma amafunsa akamaliza kumanga.