Ndinabisala pa depoti ya Mzimba

Ine ndi a NyaJere tinkagwira limodzi ntchito ya unamwino pa kachipatala kena kufupi ndi ku Euthini. Titafunsira malo a digiri, sukulu inatikana. Inati inkafuna okhawo olembetsedwa ku bungwe la anamwino pa mlingo wapamwamba, osati ife a mlingo wapansi, ngakhale tinali titachiritsa amayi osawerengeka.

“Tipite kukhoti,” anatero a NyaJere.

Amene anavomera mokweza kuposa onse ndinali ine. Ndinalonjezanso kuti ndikayankhula pamaso pa woweruza.

Tsiku la mlandu ku Mzuzu ndinafikadi pa depoti ya Mzimba, nditavala bwino. Nditawaona a NyaJere akundidikira, mantha anandigwira. Nanga mabwana akamva, sandisamutsira kutali? Ndinakabisala kuseri kwa minibasi yakufa.

Foni inalira. Anali iwo.

“Asisi, muli kuti?”

“Pepani, ndili kuchipatala. Kwabwera mayi wofuna kuchira.”

Nthawi yomweyo kondakitala pambali panga anakuwa: “Mzuzu! Mzuzu!”

A NyaJere anati, “Mayiyo ali ndi mawu amphamvu chomene. Mbwenu muthandizeni bwino.”

Anapita okha. Anaima okha pamaso pa maloya a sukulu, ndipo anabwererakonso kangapo mlandu ukamaimitsidwa, osadandaula. Pomaliza khoti linalamula kuti mapempho athu aunikidwenso, ndipo sukulu inatitenga tonse.

A NyaJere atamva, anathamangira kuwodi ndi kundikumbatira pamaso pa odwala.

“Tapambana, asisi!”

Sananene kuti “ndapambana”. Ine ndinangovomera, maso ali pansi.