Goloboyi Wosatchulidwa pa Wailesi

Kingstone Alufandika anabadwira ku Nsanje, koma manja ake ndi amene anamupezera malo m'tauni. Anali manja aakulu ngati malichero. Atafika ku Limbe m'zaka za m'ma 1970 anayamba ndi kusenza matumba a mchere pa sitolo ya mmwenye. Tsiku lina akusewera ndi anzake kuseri kwa siteshoni ya sitima, kapitawo wa fakitale ina ya zitini anaima n'kumayang'ana mmene mnyamatayo ankagwirira mpira. Posakhalitsa Kingstone anali ndi ovolosi, kantchito kopepuka pafakitalepo, ndi juzi yakuda ya goloboyi wa Mudi Rovers. Masiku amenewo mpira sunkadyetsa munthu, unkangomulowetsa ntchito.

Tsoka lake linali loti timuyo inali yabwino mopitirira muyeso. Otchinga kumbuyo anali zimphona zosadutsika, moti Kingstone ankangoima pagolo n'kumayasamula, nthawi zina n'kumacheza ndi wapolisi wolondera kuseri kwa ukonde. Owulutsa mpira pa wailesi amatchula amene ali ndi mpira kuphazi kapena m'manja. Dzina la Alufandika silinkamveka.

Kumudzi, mayi ake, a Anastazia, anali ndi wailesi imene iye anawatumizira. Rovers ikamasewera ankayala mphasa pansi pa mtengo wa masau n'kuitana anthu kuti adzamve za mwana wawo. Anthu ankatchera khutu mpaka mpira kutha, kenako n'kumabalalika akutsinana. A Gertrude, mlamu wawo wapakamwa, anayamba kufalitsa pachitsime kuti mwanayo amangosesa m'sitediyamu. Nkhaniyi inamupeza Kingstone kudzera kwa mnzake wogwira ntchito m'sitima, ndipo inamuwawa zedi. Kumunyoza iye zinalibe kanthu, koma mayi amene anamulera okha asanduke choseketsa pachitsime? Anawatumizira uthenga kuti akwere sitima adzaone ndi maso awo.

Anabwera, khadi la chipani atalimangirira pansonga ya chitenje kuopa ayufi, anyamata a chipani ofunsa makhadi pageti. Kingstone anawakhazika pakati pa ochemerera Rovers m'sitediyamu ya ku Chichiri, iye n'kupita kukavala. Mpira unayamba monga mwa masiku onse: Rovers inagoletsa chimodzi, kenako n'kukhazikika kugolo la alendo ochokera ku Zomba. A Anastazia anamuona ndithu mwana wawo ataima chiliri mu juzi yakuda, koma munthu woima chiliri ukamusimba bwanji kumudzi? Anafunsa bambo woyandikana nawo, amene anali ndi kawailesi pakhutu, chifukwa chake mpira sunkafika kwa Kingstone. Bamboyo anawafotokozera moleza mtima kuti chimenecho ndiye chabwino, chifukwa oupititsa kumeneko ndi adani, ovala zoyera aja.

Mayiwo anamvetsa bwino lomwe. Kuyambira pamenepo ovala zoyera akagwira mpira, iwo ankaimirira n'kumawalimbikitsa kuti afulumire. Mpira uli pafupi kutha, chimphona china cha Rovers chinatchera mwendo mlendo pafupi ndi golo, woyimbira mpira n'kuloza penate. Mbali yonse ya Rovers inangoti zii, kupatula nthungululu imodzi yakuthwa, yachisena. Ena anatembenuka atakwiya, koma atamva kuti ndi mayi a goloboyi anagwa nako kuseka.

Kingstone anaizindikira nthungululuyo ali pagolo, ndipo mantha onse anamuthera. Anadziponya kudzanja lamanja, mpira n'kukakamira m'manja aakulu aja ngati wabwerera kwawo. Tiwailesi tonse m'sitediyamu tinakuwa dzina limodzi, mobwerezabwereza, mpaka wowulutsayo mawu anasasa.

Anaseweranso nyengo zambiri pambuyo pake. Zimphona zija zitakalamba mipira inkamufika yochuluka, dzina lake linatchulidwa mpaka anthu kutopa nalo, ndipo maondo atayamba kudandaula anamanga kanyumba ku Chigumula n'kumalima kachimanga kake. Koma akamasimba za mpira amathamangira masana amenewo. Akuti mpira utatha anawapeza mayi ake atalanda kawailesi ka bambo uja, atakafungatira pachifuwa, misozi ili mbwembwembwe koma akuseka.

"Mwaona tsopano, amayi?"

"Ndaona, mwananga. Koma wandilakwira. Tsiku lomwe dzina lako latuluka m'wailesi, ine ndili kuno. Ndikanakhala pamphasa panga, n'kumayang'ana nkhope zawo."

Apo Kingstone anakumbukira kuti m'dera lawo lonse wailesi inali imodzi yokhayo, ndipo mayi ake akachoka ankakhoma chitseko ndi loko. Anafunsa mwamantha ngati anaitsekera m'nyumba.

A Anastazia anapukuta misozi ndi nsonga ya duku, n'kumuyang'ana ngati wafunsa zachibwana.

"Ndaisiya kwa a Gertrude," anatero. "Mabatire ake ndi atsopano."