Dzina la Zakariya Lasowa Wolitchula

Ine mawu anga ndi aakulu. Ndikatsokomola kumunda, a kutsidya kwa dambo amadziwa kuti mkulu uja wafika. Koma kulemba ndi nkhani ina. Sukulu ndinangoilawa, ng'ombe za amalume zinandiitana ndisanazolowere choko, ndiye amene awerenge izi apirire, cholembera ndimachigwira ngati mpini wa khasu. Chimene ndimalemba mosakayika, ngakhale nditatsinzina, ndi dzina langa. Zakariya. Ndalilemba apa kuti lioneke, chifukwa kulimva ndiye kwasowa.

Musathamangire kundimvera chisoni. Palibe wandinyoza. Ndi ulemu umene wachita zimenezi. Kwathu kuno ku Ntcheu munthu ukakula dzina lako amalipinda n'kuliika padera ngati jekete la ukwati. Ukakwatira amakuitana ndi mfunda wa makolo ako. Ukabereka umasanduka bambo a uje. Imvi zikamera ndiwe agogo, ndiwe madala. Malemu mkazi wanga tinakalambitsana, koma dzina langa silinatulukepo pakamwa pake ngakhale tsiku lokwiya. Akapsa mtima ankangoti, "Inu abambo inu!" Ine ndinkanyada nazo. Ndinkauza anzanga pa bawo kuti kunyumba kwanga kuli mwambo, osati kwanu uko.

Okhawo amene ankalitchula anali achemwali anga aakulu, amene anandibereka kumsana ndili khanda. Anatengedwa chitengwa cha ku Kasinje. Ndikapita kukawaona ankandizindikira ndikadali patali, n'kukuwa ali pa mphasa pomwepo:

"Zakariya! Wabweranso chimanjamanja?"

"Achemwali, tsitsani mawu, pali ana pano."

"Ana a chiyani? Mwana ndiwe. Mamina ako ndinkapukuta ndine."

Ndinkanamizira kukwiya, chonsecho njira yonse ndinkayendera zomwezo. Achemwaliwo anamwalira chaka chatha, nthawi yokolola. Pobwerera kumaliro ndinayamba kuwerenga mumtima amene atsala odziwa kundiitana, ndipo sindinapeze ndi mmodzi yemwe. Kuchokera pamenepo ndakhala ndi njala imodzi: kumva dzina limeneli likuitanidwa pakhomo, mwana n'kuyankha, ine ndikadali ndi makutu.

Dzinali linabwera movutikira. Amayi anga, atabereka achemwali aja, anaika m'manda ana angapo motsatizana. Nditabadwa ine amalume ankafuna kunditcha dzina loipa, la kumanda, monga ankachitira kale, kuti imfa ikadutsa iziti uyu ndi wotayika kale, n'kundisiya. Abambo anga anali atangobwera kuchokera ku mafamu a ku Halale, atalowa tchalitchi, ndipo anakana. Anapita kwa mphunzitsi wa mishoni n'kumufotokozera za manda aja. Mphunzitsiyo ndiye anati mwanayu akhale Zakariya. Abambo anabwera nalo kunyumba ngati munthu wogula khasu latsopano. Tanthauzo sanafunse. Akuti anangoti ndi la m'malemba, ndipo la m'malemba silingakhale loipa. Amalume sanalivomereze mpaka kufa kwawo, ankati dzina lotalika ngati chingwe cha ng'ombe.

Tanthauzo ndinakalipeza kutali, ku Joni, ndili mnyamata wa ku mgodi. Kumeneko dzina linalibe ntchito. Pansi pa nthaka unali nambala, ku komponi unali Mnyasa. Panja pa mpanda wa komponi panali sitolo ya mzungu wina wokalamba, Myuda, amene ankagulitsa mabulangete, mabokosi achitsulo ndi nsapato. Ankayankhula Chifanakalo, chiyankhulo cha ku mgodi, kuposa akapitawo. Tsiku lina ndinagula bokosi, ndipo anatenga penti kuti alembe dzina pa chivundikiro, lisadzasokonekere pa sitima.

"Ndiwe yani?"

Ndinamuuza, mokweza monga ndimayankhulira. Anaika burashi pansi. Analitchulanso yekha, koma mwa kwawo, pakati pake mawu akukhula kukhosi ngati munthu wofuna kulavula minga ya nsomba. Kenaka anandifunsa amene anandipatsa dzina la anthu a kwawo.

"La kwanu bwanji? Ili ndi la ku Ntcheu, anatcha ndi abambo anga!"

Anaseka mpaka kugwira kauntala. Ndiye anandikhazika pa mtolo wa mabulangete n'kundiuza. Anati dzinali ndi la Chiheberi, chiyankhulo chimene makolo ake ankapempherera, ndipo ndi lakale kuposa migodi, kuposa sitima, kuposa Chingerezi chimene. Anati lili ndi mbali ziwiri. Yoyamba ndi kukumbukira. Kachidutswa kotsiriza kaja, ya, ndi dzina la Mulungu lofupikitsa, poti iwo satchula lonse, amaliopa. Ukaziphatikiza ndiye kuti Mulungu wakumbukira. Anati kalekale ansembe ankatchedwa nalo, aneneri, ngakhale mfumu, ndipo linachoka kwawo n'kuyenda ndi matchalitchi mpaka kukafika kumene iye sanaganizepo. Pambuyo pake ndinadzapeza ndekha kuti linayendanso ndi mizikiti: wogulitsa nyama wina wa Chiyao ku Manjawira anali mnzanga wa dzina, ndipo ankandiikira kachiwindi kapadera mpaka tsiku limene anasamuka.

Ndili pa mabulangete paja ndinaganiza za amayi anga ndi timanda tija. Mphunzitsi uja ankadziwa chimene ankachita. Ine ndinali nditayenda ndi mawu amenewo zaka zonsezo ngati munthu wosenza katundu womanga, osadziwa zili m'katimo.

Mzunguyo anati mchimwene wake wina anali ndi dzina lomweli, anatsala kwawo kutsidya kwa nyanja ndipo sanamuonenso. Ndinamufunsa ngati anatchako mwana wake. Anati anatcha mdzukulu, atatsimikiza kuti mchimwene wakeyo kulibe. "Kwathu sitipatsa mwana dzina la munthu wamoyo," anatero. "Timadikira." Ine ndinaseka mpaka anthu a panja anasuzumira. Ndinati mwambo wanji umenewo, wopatsa munthu ulemu iye atagontha kale? Kwathu dzina timapereka tili maso, n'kudyerapo nkhuku! Bokosilo lilipo mpaka lero, ndimasungiramo mbewu ya nyemba. Penti inafufutika, kwatsala Z yekha.

Adzukulu oyamba atabadwa ndinawatcha mayina ena, okoma ndithu. Langa sindinaliganizire. Ndinkaona ngati nthawi ilipo, komanso achemwali analipo. Ndiye miyezi ingapo chichokereni maliro aja, mwana wanga wotsiriza, amene ali chikamwini ku Bwanje ndipo amalima mpunga, anatumiza uthenga kuti kwabadwa mwana wamwamuna. Ana ake awiri oyamba ndi atsikana. Woyamba tinatcha ife akuchimuna, wachiwiri anatcha akuchikazi, ndiye uyu inali nthawi yathunso. Ndinafuula mpaka nkhuku zinabalalika. Ndinati Mulungu wakumbukiradi.

Mchombo utagwa anandiitana. Wotcha dzina sapita chimanjamanja, achemwali akanandiseka ali kumandako. Ndinagwira tambala wanga wofiira, ndinakumba kachewere wodzaza kathumba, ndinavala jekete, n'kukwera kabaza kutsikira kuchigwa. Ife a kumtunda kutentha kwa ku Bwanje sitikutha. Pofika thukuta linali litanyowetsa jekete mpaka kumsana, koma sindinavule.

Anandiyalira mphasa pansi pa mtengo wa mango. Panali mwana wanga, panali asewere anga, ndiwo amayi a mkazi wake, mayi a pakamwa posachedwa amene timanyogodolana nawo chikwatiranireni ana athu. Mpongozi wanga anagwada patali, cha kuseri kwa nkhokwe, atayang'ana kumbali. Mwana ameneyo ndimamutama kulikonse. Sanadutsepo kutsogolo kwanga, sanandiyang'anepo m'maso, madzi amatuma mwana kudzandipatsa. Asewere anabweretsa khandalo n'kundiika m'manja. Linali lopepuka ngati mtolo wa udzu, koma linandigwira chala mwamphamvu.

Ndinakweza mawu kuti ndi oyandikana nawo omwe amve.

"Uyu ndi Zakariya!"

Palibe analulutira. Tambala yekha ndiye anakupiza mapiko pamene anamangidwa paja. Mwana wanga anayamba kutokosa pansi ndi kamtengo.

"Mwagontha kodi? Ndati uyu ndi Zakariya."

"Tamva, asewere, ndi a ku Balaka omwe amva," anatero mayi aja. "Koma mwaliganizira bwino? Mwana uyu akula. Adzakwera mumtengo umenewu, adzagubuduza ndowa, adzathamangitsa abakha a eni. Mayi ake adzamuitana bwanji? Adzaima pakhomo apa n'kukuwa dzina la apongozi ake, mudzi wonse ukumva? Uje iwe, tsika apo ndisanakukwapule?"

Ndinaona kuti ngakhale iwo, ndi pakamwa pawo paja, anati uje.

"Ndalola ndine mwini wake! Dzina ndi langa, ndagawa."

"Mwalola inu. Lilime lake lalola?"

Ndinauza mwana wanga kuti afunse mkazi wake. Anapita kunkhokwe kuja, ananong'onezana, koma mpongoziyo anayankha yekha, motsitsa, maso ali pansi.

"Abambo andikhululukire. Ndayesa mumtima pompano. Pakamwa panga pakukana."

Ndikanakalipa, koma kukalipira ndani? Ndine ndemwe ndinkayenda m'maukwati kulangiza atsikana kuti dzina la apongozi si lotchula. Mwana uyu anamva, n'kusunga.

Mwana wanga anayesa kukonza. "Abambo, tikhoza kulilemba pa khadi la kusikelo, ndi kusukulu adzalembetse lomwelo. Koma pakhomo pano tizidzamuitana kuti Agogo. Ena amatero."

"Agogo! Ndatsika phiri lonse lija kudzapanga agogo ena? Agogo ndine, ndipo andikwana."

Khanda linayamba kulira, ndipo ndinaligwedeza monga ndinkaonera malemu mkazi wanga akuchitira.

"Dzina silithawa, asewere," anatero mayi aja, tsopano osaseka. "Atsikana awa ndi adzukulu anu, amakukokani ndevu, alibe nanu manyazi. Akadzakula n'kubereka aamuna adzatcha, ndipo adzaliitana mpaka kusasa mawu. Ndidzawakumbutsa ndine ndikadzakhalapo."

Ndinawayang'ana atsikanawo. Wamkulu mano a kutsogolo anali atangoguluka kumene. Ndinakumbukira mzungu wa mabulangete uja ndi timadikira wake, ndi mmene ndinamusekera. Ife ndi iwo njira ndi zosiyana, koma zikathera pamodzi.

Mwanayo ndinamutcha dzina lina, lalifupi, la Chichewa, loti mayi ake aziliitana momasuka. Apo ndiye nthungululu zinamveka. Mpongozi wanga anawomba m'manja ali chigwadire, ndipo ndinaona akupukuta m'maso ndi nsonga ya chitenje. Tambala anaphedwa, tinadya ndi mpunga wa kumunda kwawo. Anandikakamiza kugona, ndinakana, ndinati mbuzi zanga zilibe wotsekera. Wa kabaza pokwera chitunda anayesa kundichezetsa, koma anaona kuti lero madala alibe nkhani.

Pakhomo panga pano ndili ndekha. Ana onse ali kwa eni, nyumba ya malemu mkazi wanga yophikira denga linagwa ndipo sindinalikonze. Odutsa mumsewu amandipatsa moni waulemu, amavula zipewa, amatchula mfunda wanga, ine n'kuyankha ndi mawu anga aja kuti adziwe kuti ndikadalipo. Tsiku lina ndikupalira kachewere ndinayesa kudziitana ndekha. Ndinaima, ndinayang'ana uku ndi uku, n'kufuula. Phiri linabweza. Koma mawu obwera ndi phiri ndi ako omwe, alibe munthu m'kati.

Kwatsala malo amodzi. Mwezi ndi mwezi ndimapita ku kachipatala kathu kukatenga mankhwala a bipi. Timapereka timabuku tathu, n'kukhala pa benchi ya pakhonde, ndipo anamwino amaitana mmodzimmodzi powerenga pachikuto. Iwo za mfunda alibe nazo ntchito, amatchula chimene chalembedwa. Kale zinkandipsetsa mtima. Ndinkadzuka n'kufunsa khonde lonse ngati kwawo kulibe akuluakulu. Anthu ankandidziwa nazo, ena ankabwera msanga kuti adzaonere.

Mwezi wathawu ndinakhala kumapeto kwa benchi, ndodo ili pakati pa miyendo. Anamwino anatuluka ndi timabuku m'manja.

"Zakariya!"

Ndinamva bwinobwino. Ndinangoyang'ana ku mtengo wa bulugamu. Mayi amene anakhala pafupi nane anandigunda ndi chigongono, ine osasuntha.

"Zakariya! A Zakariya alipo?"

Ndipamene ndinadzuka, pang'onopang'ono, ndikukonza jekete.

"Agogo, makutu ayamba kuvuta? Tiwayeze?"

"Makutu ali bwino, mayi. Inu muzingoitana choncho, mokweza."

Anandiyang'ana modabwa, n'kundipatsa mankhwala anga. Tsiku lobweranso analemba m'kabukumo, koma ine ndinali nditaliloweza kale ndisanatuluke pachipata.