Mphete Imene Ndinaidyetsa Mekyule

Ndikukumbukira bwinobwino m'mawa umene ndinaona mphete yagolide ya malemu amayi anga ili pa chala cha mkazi wina. Ndinali ndi zaka khumi ndi chimodzi, tikukhala ku Masongola, ndipo mkazi winayo anali a Esinati, amene ababa anawakwatira patatha zaka ziwiri amayi atamwalira. Ankathira tiyi m'makapu. Mpheteyo ndinaizindikira ndi kachipsera ka m'mbali, kamene kanabwera tsiku limene chitseko cha minibasi chinawapana amayi chala. Tiyi ameneyo sindinamwe. Ndinatuluka panja n'kulumbira chamumtima kuti mphete imeneyo sasangalala nayo.

Kunena chilungamo, a Esinati anali asanandilakwirepo. Kwawo kunali kuphiri, kumtunda kwa Ku Chawe, ndipo akapita kukaona makolo ankanditengera mabulosi ndi mapichesi m'kadengu. Ine ndinkagawira ana a aneba, iwo akuona. Sindinkawatchula kuti amayi. Pamaso ndinkangoti "inu", kumbali "aja". Ndinali mwana wa mtima wapachala, wosunga mangawa, ndipo mpaka lero sindinganame kuti khalidweli linatheratu.

Katundu wa amayi anali atapita kale. Maliro atangotha, amalume anga, a Jailosi a ku Zakazaka, anabwera ndi kagalimoto n'kunyamula makina osokera, zitenje, ngakhale mapoto, amvekere ndi za mlongo wawo. Ineyo sindinkawada, chifukwa ankandipatsa maswiti, ndipo nthawi iliyonse akabwera ankandikokera pambali n'kundifunsa ngati ndinaionapo mphete ija. Tsono nditaiona, ndinaganizapo zothamangira ku Zakazaka kukanena. Koma ndinaona kuti n'zochepa. Ndinkafuna kuti nkhope ya a Esinati igwe ine ndili pompo, ndikuyang'ana.

Njira yobwezera anandipatsa ndi ababa, iwo osadziwa. Ankagwira ntchito yothandizira mu labotale ya sayansi pa sukulu ina ya sekondale, ndipo pabalaza pathu, pamene ena amapachika kalendala, iwo anakhomapo tchati chothetheka cha maelementi. Akaweruka ankaloza timabokosi ta patchatipo n'kumati, "Phiri ukulionali, madzi a mu Mulunguzi, iweyo ndi pakamwa pakopo, zonse zinapangidwa ndi izi." Ankakamba za maelementi ngati akukamba za anthu a m'dera lathu. Fosifolasi wa m'mbali mwa bokosi la machesi, ankati anamupeza mzungu wina amene ankawiritsa zidebe za mkodzo pofuna golide, ndipo ndinkaseka mpaka misozi. Heliyamu anayamba kumuona m'kuwala kwa dzuwa asanamupeze pansi pano. Chitsulo chili m'khasu, chilinso m'magazi.

Koma nkhani imene inandikhala m'mutu inali ya golide. Ababa ankati golide sachita dzimbiri, ungamukwirire m'dothi mpaka zidzukulu zako zikalambe, adzatuluka akunyezimirabe. "Koma ali ndi mdani wake," anatero tsiku lina, akuloza kabokosi koyandikana. "Mekyule uyu. Anzake onse a mtundu wa zitsulo amafuna moto kuti asungunuke, yekhayu amakhala wamadzimadzi popanda kumuwotcha. Akakumana ndi golide amamulowa n'kumudya. Mphunzitsi akabwera ndi mphete pa tsiku lomwe tikugwira mekyule, ndimamuvulitsa kaye."

Mekyule m'nyumba mwathu analimo. M'dirowa ya kuchipinda munali themomita yagalasi, yoyezera kutentha kwa thupi, imene amayi ankaipana m'khwapa miyezi yonse ya matenda awo. Ndinadikira masabata awiri. Loweruka lina m'mawa, ababa atapita kumsika, a Esinati anavula mphete ija n'kuiika pa windo la kukhitchini kuti akande ufa wa mandasi. Atatembenuka kukaika mafuta pamoto, ndinaipsontha kuchokera panja.

Kuseri kwa nyumba, pafupi ndi mtengo wa peyala, ndinaswa themomita ndi mwala pa sosala. Timikanda tonyezimira tinamwazika, kenako tinathamangitsana n'kugwirana kukhala dontho limodzi lolemera, losanyowetsa mbale. Ndinaponya mphete m'menemo n'kumaigubuduza ndi kamtengo. Poyamba sipanachitike kanthu, ndipo ndinayamba kuwadandaula ababa kuti amangokometsa nkhani. Kenako chikasu chija chinayamba kuzimiririka. Kuyera kotuwa kunakwera pang'onopang'ono mpaka mphete yonse inaoneka ngati yodula ku chitini cha sadini. Sindibisa, ndinasangalala. Mtima unachita kuti myaa, chisangalalo chimene ndinali ndisanamvepo chimwalirireni amayi. Ndinaipukuta ndi tsamba, n'kukaibwezera pa windo paja, ine n'kukhala pa khonde kudikira.

A Esinati atasamba m'manja anaitola n'kuima chilili. Anaitsuka ndi sopo, osatheka. Anaikwecha ndi phulusa, anafinyirapo ndimu, osatheka. Mandasi anapserera m'chiwaya, utsi n'kudzaza nyumba, iwo osauona n'komwe. Nkhope inagwadi monga ndinkafunira. Anakhala pansi pa simenti n'kuyamba kulira mwakachetechete, ndipo ine pakhonde paja ndinkagwedeza miyendo.

Ababa atabwera anangoiyang'ana kamodzi. Sanafunse kuti chachitika n'chiyani. Anatembenukira kwa ine n'kuti, "Tadala, themomita ili kuti?"

Ndinawalozera kuseri. Anatsekula mawindo onse, anauza a Esinati kuti asambenso m'manja ndi sopo, iwo n'kukwera njinga kupita kuntchito kwawo. Anabwerako ndi ufa wachikasu wa salufa, nauwaza pa sosala ndi pa dothi lonse la pansi pa peyala, akufotokoza mosayang'ana munthu kuti salufa amamanga mekyule kuti asauluke, chifukwa mpweya wake ndi poizoni wolowa m'mutu. Atamaliza anandiitanira pabalaza, pansi pa tchati chija.

Sindinadikire kufunsidwa. "Ndine ndachita," ndinatero. "Si yawo. Ngati amayi sangaivale, asaivalenso wina aliyense."

Ndinkayembekezera lamba. M'malo mwake anayankha ndi a Esinati, maso ali ofiira, ufa udakali m'zigongono.

"Ukunena zoona, mwanawe, si yanga. Ndi yako. Amayi ako anauza bambo akowa kuti adzakupatse tsiku la ukwati wako. Amalume ako afufuza m'nyumba muno kawiri, ngakhale kunsi kwa matiresi. Tinaona kuti malo okhawo amene sangafikepo ndi chala cha mkazi wa mwini. Ndimaivula pokanda ufa pokha, kuti isade."

"Bwanji simunandiuze?" ndinafunsa.

"Ukanawauza amalume ako ndi switi limodzi," anatero ababa. Ndipo sankanama.

Mawa lake titachoka kutchalitchi, ababa ananditenga kukwera msewu wa kuphiri, atanyamula kambaula, makala ndi chopanira. Tinapatuka pamalo opanda nyumba, pakati pa mitengo ya paini, pomwe mphepo imawomba kutsikira kuchigwa. Tawuni yonse inkaoneka pansi, madenga a ku Chirunga akuthwanima. Anandiimika patali, kumbali kochokera mphepo, iwo n'kumanga mpango pamphuno. Anati mekyule amathawa moto msanga golide asanaganize n'komwe zosungunuka, ndiye mwina tingaipulumutse. Anaigwira ndi chopanira pa makala oyaka kwa nthawi yaitali. Utsi sindinauone, koma chikasu chinayamba kubwerera, ndipo ine ndinayamba kupuma bwino.

Itazizira anaiika m'dzanja langa. Inali yachikasu ndithu, koma yosanyezimira, yokhakhala, yodzaza ndi timaenje ngati mwala wotsukira mapazi. Ndinayesa kuilowetsa ku chala changa chachikulu. Inangoti the, n'kuthyoka pa kachipsera ka minibasi paja.

"Mekyule wachoka," anatero ababa, akuzimitsa makala ndi dothi. "Koma pamene anadya padyeka."

Ndinalira njira yonse yotsika, ndipo sananditonthoze. Kunyumba a Esinati anatenga mphete yothyokayo, anaikulunga m'kansalu n'kukaisunga. Amalume atamva kuti inaonongeka anasiya kufunsa, anasiyanso kubwera ndi maswiti.

Lero ndine mayi wa ana atatu. Tsiku la ukwati wanga, m'mawa ndikuvala, a Esinati analowa n'kundipatsa kansalu kaja monga amayi anafunira. Ndinali nditayamba kale kuwatchula kuti amayi, ngakhale zinanditengera zaka, chifukwa manyazi nawo amaumitsa khosi ngati ukali. Mpheteyo singalowe chala cha munthu. Ndimaivala pa ulusi m'khosi, mkati mwa bulauzi, ndipo imandikanda pang'ono.

Ndikapsa mtima, ndipo ndimapsabe, ndimaigwira ndisanachite chimene mutu ukundiuza. Tsiku lija ndinali wotsimikiza kuti ndikudziwa wolakwa, ndipo sindinafunse funso ngakhale limodzi. Chinthu chimodzi chokha chimene amayi anandisiyira chinapulumuka m'manja mwa amalume, chikanatha kukhala m'dothi zaka zambirimbiri osachita dzimbiri, ndipo mkazi amene ndinkamuda anachisunga pa thupi lake kuti chindifike. Amene anachiononga ndi mwini wake, ndi themomita ya amayi ake omwe.