Tsiku limene owotcherera zitsulo anazimitsa makina

Amalume anga ankaimba ng'oma m'gulu loimba nyimbo za roko asanakhale dalaivala wa kampani ya boma. Kampaniyo itagulitsidwa, anabwerera ku Kalingalinga ndi sutikesi imodzi komanso sidi imene mnzawo anawatumizira kuchokera kunja. Munali nyimbo zisanu ndi zitatu za gulu lawolo. Anzawo onse oimba nawo anali atamwalira, ndipo sidiyo inayamba kusupuka m'mphepete.

Ine ndinkataipira anthu makalata pa kompyuta, m'kachipinda koyandikana ndi owotcherera zitsulo. Ndinakopera nyimbozo mozipanikiza kuti zisadye malo, monga aliyense ankachitira. Amalume anamvera theka la nyimbo n'kuvula mahedifoni.

"Iwe, vimbale va ng'oma vanga vayenda kuti? Vimveka monga munthu akazinga kapenta!"

Ndinakwiya, koma sankanama. Ndinapeza pulogalamu yokopera osataya kalikonse. Inkawerenga sidi kawiri, ndipo manambala a ulendo woyamba ndi wachiwiri akafanana, ndiye kuti zatheka. Ulesi wake ngati wa nkhono. Choipa n'chakuti wina akangoyatsa makina owotcherera, magetsi ankaphethira, kompyuta n'kuzima. Zinakanika kanayi, ndipo tsiku lachinayilo ndinapeza kachidutswa konyezimira katatsalira m'thireyi yoikamo sidi. Sidiyo inkatha ndikuona.

Amalume anavala jekete lawo lachikopa dzuwa likuswa mtengo, nayenda shedi ndi shedi kupempha owotcherera zitsulo aja kuti azimitseko makina. Anthu amenewo sazimitsa makina pokhapokha maliro akudutsa. Mkulu wawo anawayang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi.

"Bamudala, ndimwe munali kulizako mu holo ku Matero? Batate benze kukambako. Ola imodzi chabe, ka."

Lachitatu masana msewu wonse unangoti zii. Amuna akuda ndi mwaye anaunjikana pakhomo panga kuyang'anira kamzere kobiriwira kakukwawa pa kompyuta. Wina atayetsemula anzake anamukalipira. Manambala a nyimbo yomaliza atafanana ndinakuwa mopanda manyazi, iwo n'kumamenya zitsulo ndi masipanala. Sindinanyadepo chotero chibadwire.

Amalume anavala mahedifoni, natseka maso. Pa nyimbo yachitatu anaseka mpaka misozi.

"Apa kamtengo kolizira ng'oma kanagwa pansi. Wamva? Wa gitala ananitukana." Anapukuta m'maso ndi mkono wa jekete. "Bweza futi, nimumve."